A Pampu Akana Kutuluka M'munda

Amake Mapasa anabwereketsa munda wawo wa m'mbali mwa mtsinje chaka chimene mwamuna wawo anagonekedwa m'chipatala. Amene anaubwereka anali bambo wina amene anthu ankangomutchula kuti a Pampu, chifukwa cha injini yake yothiririra yomwe inkasokosa dera lonse. Anagwirizana pakamwa kuti azilima, azipereka gawo la zokolola ngati lendi, ndipo eni ake akadzaufuna adzatuluke.

Mwamuna wa Amake Mapasa uja anamwalira. Maliro atatha, mayiwo anapita kukauza a Pampu kuti akufuna munda wawo, poti ana akufunika kudya. Anapeza mpanda wawaya wazungulira munda wonse, nthochi zadzalidwa m'malire, ndipo a Pampu, m'maso muli gwa, anawauza kuti malemu anawagulitsa mundawo ali pabedi lachipatala. Munthu amene sankatha n'kugwira kapu yamadzi yomwe, akagulitse munda mkazi wake ali pambali osamva! Zoonadi chifundo chinapha nkhwali.

Mayiwo anathamangira kukhoti laling'ono lapafupi, nakadandaula kuti wobwereka munda akukana kutuluka. Tsiku la mlandu a Pampu anabwera atavala jekete, n'kunena kuti iwo si obwereka koma eni ake. Woweruza anamvetsera mbali zonse, kenako anati nkhaniyo tsopano si ya lendi koma ya umwini wa malo, ndipo khoti lake lilibe mphamvu yoweruza zimenezo. Mlandu unachotsedwa. Anawonjezera mawu ena, koma Amake Mapasa sanawamve, mtima unali utawawira kale.

A Pampu anabwerera kwawo akuliza hutala ya njinga yamoto njira yonse, kuuza aliyense kuti awina. Mlongo wake wa mayiwo, wokonza njinga pamsika, munthu wosachedwa kupsa mtima, anayamba kunola chikwanje nati akadula nthochi zonse pamodzi ndi waya yemwe. Mayiwo anamuletsa movutikira, ngakhale kuti mumtima ankafuna kumugwirira tochi. Mmawa mwake anamangirira chitenje mwamphamvu n'kubwerera kukhoti kuja. Sankafuna thandizo ayi, ankafuna kukawalalatira.

Mu ofesi anapeza kalaliki, mayi wa magalasi, atakwiririka ndi mafayilo. Anamukhuthulira zonse osapuma: kuti makhoti ndi a anthu a majekete, kuti wamasiye alibe mawu, kuti mwina ndalama zinayenda. Kalaliki uja anawasiya mpaka mpweya unawathera, n'kuwakokera mpando.

"Mayi, simunaluze mlandu. A Pampu nawonso sanawine. Palibe amene wanena kuti mundawo ndi wa ndani."

"Nanga bwanji anauchotsa? Bwanji munthu uja akuliza hutala?"

"Hutala ndi yake, angalize mmene angafunire. Kodi pachipatala chaching'ono akakuuzani kuti matendawa sitingathe, pitani kuchachikulu, ndiye kuti akupirikitsani?"

Amake Mapasa anakumbukira za matenda a mwamuna wawo. Zimenezo ankazidziwa bwino kuposa wina aliyense.

Kalaliki anawafotokozera kuti khoti lililonse lili ndi malire a mphamvu zake amene malamulo anaika. Lawolo likanatha kumva nkhani ya wobwereka amene akukana kutuluka, koma munthu akangoti malowo ndi anga, funso loyamba limakhala la umwini, ndipo limenelo lili ndi khoti lake. Woweruza akanaumirira kugamula, chigamulocho chikanadzathetsedwa mtsogolo, iwo n'kutaya nthawi pachabe. Anawauza khoti loyenera, nawalozera ofesi yothandiza anthu osauka pa milandu mwaulere. Mayiwo atamuuza za chikwanje chija, kalalikiyo anavula magalasi.

"Mlongo wanuyo mumuuze asakhudze ngakhale tsamba limodzi. Akangodula, iye ndiye amangidwa, ndipo a Pampu asanduka odandaula."

Madzulo ake wokonza njinga anang'ung'udza kuti zamakhoti n'zochedwa, mvula sidikira woweruza. Mayiwo anamufunsa ngati akufuna kuti azikamuyendera kundende atanyamula ana kumsana. "Chabwino achemwali, mwawina ndinu," anatero, n'kuponya chikwanje kuseri kwa chitseko.

Loya wa ku ofesi ija anayamba ndi kupempha khoti kuti liletse a Pampu kugulitsa mundawo kapena kumangapo chilichonse mpaka mlandu utatha, ndipo khoti linavomera. Kenako anafunsa mayiwo ngati alipo amene ankaona lendi ikuperekedwa. Analipo, bambo wa ngolo amene a Pampu ankamutuma kukatula matumba a zokolola pakhomo pa Amake Mapasa.

Kudikira kunali kowawa. Mvula inagwa, anzawo anadzala, iwo akungodutsa pa munda wawo womwe ngati alendo, n'kumaona chimanga cha munthu wina chikukula. Koma mlandu suwola. Tsiku lake litafika, a Pampu anafunsidwa umboni wa kugula, ndipo analibe pepala kapena mboni. Bambo wa ngolo anaimirira n'kunena kuti matumba omaliza anakawatula maliro atachitika kale. Woweruza anafunsa a Pampu chifukwa chimene munthu angapitirizire kulipira lendi pa munda umene anagula. A Pampu anayang'ana kudenga, anayang'ana pansi.

Khoti linagamula kuti mundawo ndi wa Amake Mapasa ndi ana awo. A Pampu analoledwa kukolola chimanga chimene anadzala, kenako azule waya wawo achoke. Zakukololazo mayiwo sizinawasangalatse, ndipo sanabise, anadandaula mpaka pa basi. Komabe chaka chotsatira analima munda wawo okha, ana awo akuwathandiza, popanda wowaopseza.

Khoti likakuuzani kuti lilibe mphamvu pa mlandu wanu, sikuti mwaluza. Funsani kuti khoti loyenera ndi liti, ndipo pitani msanga. Nkhani ya lendi ndi ina, ya umwini wa malo ndi ina. Musawononge mbewu za mnzanu chifukwa cha mkwiyo, ndipo pobwereketsa munda lemberanani pamaso pa mboni, ngakhale wobwerekayo akhale m'bale wanu.