Filimu ya a Kondakitala

"Ndiye mukundimana nkhope yanga yomwe?" anafunsa mkuluyo, akugogoda chitini cha filimu ndi chala.

Mayi wosunga mafilimu anachisuntha mwaulemu. Kwa zaka zambiri ankatola mafilimu akale a dziko lawo m'magalaja ndi m'nyumba zakanema zotsekedwa n'kumalemba mbiri yake, moti anzake ankangomuti Mayi Zitini. Koma mlendo wa liuma chonchi anali asanakumane naye.

Mkuluyo anasewera ngati kondakitala wa basi mufilimuyo ali mnyamata, ndipo dzinalo linamukanirira. Filimuyo sanaionepo, chifukwa pamene inkatuluka n'kuti atapita kunja kukagwira ntchito. Tsopano maso anali kutha. Mwana wake wamkazi, amene anamuperekeza, ananong'oneza kuti adokotala akuti miyezi itatu siitha asanasiyiretu kuona.

"A Kondakitala, tanunkhizani," anatero Mayi Zitini atatsegula chivundikiro pang'ono.

"Ngati viniga."

"Ndiko kuwola kwake. Yatsala yokhayi. Ndikaiika pamakina oonetsera, mano ake aikhadzula, basi yathera pomwepo. Makina okopera abwera chaka chamawa."

"Chaka chamawa ndidzaonera makutu?"

Mwana uja anaseka, kenako anazyolika. Mayi Zitini chisoni chinamugwira. Lamulo loti filimu yowola isatambasulidwe analemba yekha, ndipo anali atabweza nalo ngakhale mabwana a matayi. Anayang'ana chitinicho kwa kanthawi, kenako anavala magolovesi oyera n'kuyatsa tebulo lagalasi lowala kunsi.

"Ndiitambasula ndi manja, pang'onopang'ono. Siyenda, ndiponso siyankhula."

"Mawuwo ndili nawo ine, mayi."

Mayi Zitini anamupatsa galasi lokulitsira zinthu. Tizithunzi ta pafilimuyo tinali tating'ono ngati chikhadabo. Mkuluyo anawerama mpaka mphuno kugunda tebulo.

"Kamnyamata kowonda aka n'kandani?"

"Ndinu, bambo," anayankha mwana wake.

"Bodza! Makutu onsewa?" Kenako anakuwa ngati ali pakhomo la basi: "Sunthirani kumbuyo, malo alipo!"

Anaseka onse atatu. Mayi Zitini anapitiriza kutambasula, mtima uli m'mwamba. Posakhalitsa panamveka kaphokoso, the! Filimu inali itamatirira, ndipo m'mphepete munayamba kang'alu. Dzanja lake linaima. Ankadziwa kuti gawo lalikulu la a Kondakitala linali kutsogolo.

Mkuluyo anali atamva yekha.

"Imani pomwepo, mayi. Kutsogoloko amandimenya ndi ambulera, ndikukumbukira bwinobwino. Zimenezo adzaseke adzukulu anga chaka chamawa."

"Mundikhululukire, bambo."

"Palibe mlandu. Koma musakulunge msanga."

Anaweramiranso pa kamnyamata kaja. Nthawi yoweruka inakwana, anzake a Mayi Zitini anatseka mawindo n'kumapita, koma iye anakoka mpando n'kukhala pansi, tebulo likuwalabe.