Gemu Yomaliza ya Lachinayi

Alongo anga awiri, a Dominiko ndi Lloyd, anakhala zaka osalankhulana, koma Lachinayi lililonse ankapatsana moni. Ndikanena choncho anthu amayesa ndikuseka. Ankapatsana moni kudzera m'magemu a pakompyuta, amuna akuluakulu a ndevu zawo. Ine Veronika, wobadwa pakati pawo, ndinkaziona ndi maso angawa, chifukwa makina anga osokera amakhala pakhonde la shopu ya Lloyd, pakamsika kena kufupi ndi Mikolongwe.

A Dominiko ndiwo aakulu. Anapita ku Joni kalekale kukagwira ntchito yosamalira maluwa ndi kapinga pamakomo a anthu. Ali komweko anatumizira Lloyd laputopu yakale kuti aziikira anthu nyimbo m'mafoni, pambali pa ntchito yake yokonza mafoniwo. M'laputopumo anasiyamo akaunti yawo ya sitolo ina ya pa intaneti yogulitsa magemu, ndipo pasiwedi anamuuza. Sitolo imeneyo inali ndi mwambo wake. Lachinayi lililonse inkapereka gemu imodzi yaulere. Umangodina batani, gemuyo n'kulowa mu akaunti yako, n'kukhala yako ngakhale usaisewere. Sabata ikatha usanadine, ndiye kuti yakudutsa. Popeza akaunti inali imodzi, wina akadina mnzake ankapeza gemu itatengedwa kale.

Kusewera ndiye sankasewera ayi. Laputopu ya Lloyd ikangomva fungo la gemu inkatentha n'kuyamba kulira ngati chigayo, ndipo bandulo inkatha gemuyo isanatsike ndi theka lomwe. A Dominiko nawo ankaweruka atatheratu. Ankangotuta basi, kudzaza nkhokwe yomwe palibe ankatapamo. Ndinkawaseka kuti khasu linawakana koma mtima wokolola unawatsalira.

Kenako amayi anamwalira, ndipo a Dominiko sanabwere kumaliro. Mapepala awo okhalira kunja anali atatha, akanatuluka sakanaloledwa kubwerera. Ine ndinamvetsa, ngakhale zinandipweteka. Lloyd sanamvetse. Iye ndiye ankayenda ndi amayi m'zipatala, ndiye anathamanga ndi za bokosi, ndipo titangochoka kumanda a Dominiko ataimba foni, anawayankha kamodzi kokha.

"Amayi anabereka mwana wamwamuna mmodzi, ndipo wawaika lero."

Anadula foniyo. Kuchokera tsiku limenelo palibe anaimbiranso mnzake. Amalume anayesa, akuluampingo anayesa, ine ndinalankhula mpaka kukamwa kuuma. Onse awiri kuuma mutu anatengera bambo athu, munthu amene anakhala chaka osadutsa njira ya kuchigayo chifukwa cha nkhani ya mbuzi.

Koma pasiwedi ija a Dominiko sanaisinthe. Mwezi wa maliro utatha, Lloyd anatsegula sitolo ija tsiku lina Lachinayi n'kupeza gemu ya sabata imeneyo itatengedwa. Anaiyang'ana nthawi yaitali. Kenako anadina kanyenyezi kamene munthu amaika pa gemu yomwe waikonda, n'kutseka laputopu. Sabata yotsatira zinachitikanso chimodzimodzi. A Dominiko ankatenga, Lloyd n'kuika kanyenyezi. Kumeneko ndiye kunali kufunsana kuti mwadzuka bwanji, ndi kuyankha kuti ndadzuka bwino kaya inu.

Lloyd sankatenga gemu koyamba, ndipo chifukwa chake ndinkachidziwa. Amayi anatilera ndi malamulo a pambale. Anyamatawo ankadyera mbale imodzi, ndipo wamkulu ndiye ankayamba kusamba m'manja ndi kuyamba kudya. Lloyd akatsogoza dzanja, chipande chinkamupeza pazala. Lamulo lina linali lakuti nthuli yomaliza ndi ya wamng'ono. A Dominiko ankaikankhira kwa Lloyd ndi chala chimodzi, maso ali kwina, ngati siiwo. Lloyd anakula, anakwatira, dazi linayamba, koma dzanja lake linakhalabe lodikira achimwene ake ngakhale pakompyuta.

Nthawi ina gemu inakhala osatengedwa mpaka Lolemba. Lloyd anasowa mtendere. Ankatuluka pakhonde, n'kuima pafupi ndi makina anga, n'kufunsa ngati akufunsa mphepo kuti kaya ku Joni kukuzizira bwanji masiku ano. Ndinaimba n'kupeza a Dominiko atagona ndi chifuwa. Nditamuuza anangoti iye sanafunse za munthu, anafunsa za nyengo. Mawa lake gemu itatengedwa, ndinamumva akuimba likhweru m'shopumo tsiku lonse, munthu wosadziwa ndi nyimbo yomwe.

Zinkandikwiyitsa, ndisabise. Anthu awiri obadwa m'mimba imodzi, mafoni ali m'matumba, n'kumalonjerana ndi tinyenyezi. Koma ndinkadziwanso kuti kachingwe kameneko kakaduka, palibe china chowalumikiza.

Chaka chino tinagwirizana zomanga chiliza cha amayi, n'kuchivundukula tikakolola, chimanga chodyetsa alendo chilipo. Ndinawauza a Dominiko. Anati mapepala awo tsopano ali bwino, abwana awo awalola tchuthi, ndipo akhoza kubwera. Ndinavina ndekha m'nyumba. Koma asanadule anafunsa ngati mnyamatayo, Lloyd, angawalandire. Ndinati abwere basi, kwawo n'kwawo. Anangoti aona. Sindinafunse kuti aonera chiyani.

Lachinayi lina chakumasana Lloyd anandiitana m'shopu, nkhope ili gwa. Anandiwerengera zimene sitolo ija inalemba, akutanthauzira m'Chinyanja. Ankathokoza onse amene akhala nawo zaka zonsezi. Mwambo wa gemu yaulere ukutha. Zimene anthu anatenga kale zikhalabe zawo, koma gemu ya sabata imeneyo ndiyo yomaliza. Pachithunzi panali kankhandwe kovala chipewa, kanyamula nyali. Zachibwana zenizeni, koma Lloyd ankakayang'ana ngati akuwerenga uthenga wa maliro.

Ndinamuuza kuti mpata wake ndi umenewo, aimbe foni, chifukwa sabata yamawa sipadzakhala kanyenyezi kobisalako. Sanakane ngati kale. Anati achimwene akangotenga gemuyo, iye aika kanyenyezi, kenako aimba n'kuwauza kuti abwere kuchiliza. Anati anayambitsa ndi iwo, amalize okha, ulemu wake ndi umenewo. Ndinabwerera pamakina mtima uli m'malo, ndikuganiza kuti pofika Lachisanu nkhani yatha.

Lachisanu gemu inali pomwepo. Loweruka chimodzimodzi. Lloyd ankatsegula laputopu asanasese ndi m'shopu momwe, n'kuitsegulanso kasitomala aliyense akatuluka. Magetsi akazima ankapita nayo kwa a Halidi a golosale, omwe ali ndi sola. Lolemba anasokoneza mafoni awiri, n'kupatsa a Bwanali ogula mbuzi foni ya mayi wina wa kwaya, ndipo a Bwanali anabwera nayo ikulira nyimbo za kutchalitchi, akufunsa ngati Lloyd wayamba kutembenuza anthu mokakamiza. Tonse tinaseka kupatula mwini shopu.

Ndinaganiza zoimbira a Dominiko, koma Lloyd anandiletsa. Anati ndikawauza, adzadina chifukwa chondimvera ine, ndipo iye sadzadziwa za mumtima mwawo. Ndinamvera, poti ndinkaona ngati akuchedwa ndi ntchito basi. Lachitatu ndinalephera kupirira. Ndinamuuza kuti adine yekha, batani silifunsa kuti wabadwa liti.

"Achemwali, dzanja langa silitsogola," anatero.

Lachinayi masana tsamba lija linasintha tikuona. Pamene panali mawu akuti yaulere panabwera mtengo, kankhandwe kali chinyamulire nyali yake. Lloyd anatseka laputopu pang'onopang'ono n'kunena kuti wamva. Ndinafunsa kuti wamva chiyani.

"Ankabwerera zaulerezo. Zatha, ndiye nanenso ndatha."

Ndinafuna kumutsutsa, koma nanenso ndinayamba kuganiza chomwecho. Patapita masiku ochepa a Dominiko ananditumizira uthenga wachidule kuti ntchito yachuluka, sabwera, tiyendetse bwino mwambo. Ndinapsa mtima moti sindinawayankhe. Ndinasoka mayunifomu a ana asukulu sabata yonse ndikutukwana ulusi.

Chiliza tinavundukula. Abale anabwera kuchokera ku Nchema ndi ku Magomero, akatekisiti anapemphera, amayi a kwaya anaimba nyimbo zomwe amayi ankazikonda. Amalume ndi Lloyd atachotsa nsalu, ndinaona maina athu atatu pansi pa dzina la amayi. Loyamba linali la Dominiko. Mmisiri anandiuza pambuyo pake kuti Lloyd ndiye analamula zimenezo, ndipo anabwerera kawiri kukaonetsetsa kuti dzinalo lalembedwa bwino. Pachithunzi chomwe tinajambulitsa tilipo awiri, ine ndi Lloyd, wina uku wina uku, chiliza pakati.

Mawa lake a Dominiko anaimba kufunsa mmene zayendera. Ndinawakhuthulira zonse zomwe ndinasunga. Ndinati maliro anawaphonya chifukwa cha mapepala, nanga chiliza achiphonya chifukwa cha chiyani? Ndinati mng'ono wawo anawadikira sabata yathunthu, maso ali pa kankhandwe, iwo osadina n'komwe.

"Vero, inali yomaliza," anatero. "Ndinamusiyira."

Ndinakhala pansi pomwepo, pachitsa cha mbawa chili kuseri kwa nyumba. Anapitiriza ndi mawu otsika. Anati ataona kuti gemuyo ndi yomaliza, anachotsa dzanja monga ankachitira pambale. Anadziuza kuti mnyamatayo akaitenga ndiye kuti wawalandira, ndipo akwera basi. Ankayang'ana m'mawa asanapite kuntchito, n'kuyang'ananso akaweruka. Sabata itatha gemu ili pomwepo, anaona kuti Lloyd wakana kudya chomwe iwo amusiyira, ndipo anabweza tchuthi chija. Abwana anachipereka kwa mnzawo wa ku Zimbabwe. China mpaka chaka chamawa.

Ndinawauza kuti Lloyd ankadikira wamkulu ayambe. Ndinawauzanso za dzina lawo pachiliza. Ndinangomva akupuma, kenako anati ayenera kukathirira maluwa.

Ndinalira, koma kulira kwake kosakaniza ndi ukali. Amayi anatiphunzitsa malamulo awiri onsewo pofuna kuti ana awo asalimbanirane chakudya. Sanaganize kuti lidzafika tsiku lomwe nthuli yoyamba idzakhalenso yomaliza, aliyense n'kusunga lamulo lake, mbale n'kuchotsedwa. Ndipo ine, amene ndinadya pakhomo lomwelo, sindinazione. Ndikanangoimba Lachitatu lija.

Tsiku lotsatira ndinamupeza Lloyd ali ndi kagalasi kudiso, akulumikiza timawaya m'foni ya munthu. Ndinamuuza zonse osakometsera. Anachotsa kagalasiko n'kukaika patebulo. Anafunsa ngati achimwene ananenadi choncho, kuti anamusiyira. Ndinati ananena. Anayang'ana laputopu yomwe inali pashelefu, itayamba kale kugwira fumbi, koma sanaitsegule, poti munalibenso chodina.

Ndinatulutsa foni yanga, ndinapeza nambala ya a Dominiko, n'kumupatsa. Anaiyang'ana, n'kuyang'ana ine.

"Ayambe ndi iwo. Ndi aakulu."

Apa ndiye anandifika pakhosi. Ndinamulanda foniyo, ndinadina ndekha, ndinaika kuti mawu azimveka pamtunda, n'kuigoneka patebulo pakati pa timisomali ndi mabatire akufa. Inaitana kanthawi.

"Halo, Vero?"

Ndinapinda manja n'kutsamira chitseko. Lloyd anagwira m'mphepete mwa tebulo. Kunja minibasi inkaitanira anthu a ku Limbe. Kumbali ya a Dominiko kunkamveka madzi akutuluka m'paipi, kenako anatsekedwa. Anthu awiri aja anamvetserana kupuma, ndipo ine ndinkangoganiza za bandulo yanga, yomwe dzulo lake ndinatsala pang'ono kuithera pokalipa.

"Ndiwe, Lloyd?" anatero a Dominiko.

Foni inalira kamodzi n'kuzima mawu. Bandulo inathera pomwepo.

"Ndine, achimwene," Lloyd anayankha foni yosalankhula.

Anakhala akuiyang'ana. Ndinayembekeza kuti anena za gemu, kapena za chiliza, kapena za mawu aja a tsiku la maliro. Anangopukuta maso ndi kansalu kopukutira magalasi a mafoni.

"Achemwali," anatero, "mawu awo akalamba."