Lamulo Lachikhumi ndi Chimodzi

Bambo anga anandipatsa dzina loti Laws, la mzungu wina wa mishoni amene iwo sanamuonepo, ndipo ine ndinalitenga dzinalo ngati ntchito. Zaka makumi atatu ndikuphunzitsa ku pulayimale, ana ankanditcha "a Malamulo" ndikangotembenuka, ine n'kumayesa ndi ulemu. Nditapuma pantchito n'kubwerera kwathu ku Hewe, ndinasowa munthu womulamula. Mkazi wanga Lusungu anakana udindowo sabata yoyamba yomwe. Mwamwayi, anthu a m'dambo mwathu anali atangomaliza kukumba ngalande ya sikimu ya mthirira, ndipo ankafuna mlembi.

Ndinagula kope lachikuto cholimba ku Katowo n'kulembamo malamulo ndi bolopeni yakuda. Anakwana khumi. Kunena zoona anali asanu ndi anayi, koma limodzi ndinaligawa pakati kuti nambala ikhale ya m'Baibulo. Pamsonkhano uliwonse ndinkaimirira n'kuwawerenga onse kuyambira loyamba, kenako n'kutseka kope ndi mawu omwewo: "Mose analandira khumi, ifenso khumi. Nkhanga zinapangana kusanapse." Anthu ankawomba m'manja. Lero ndikudziwa kuti ankawombera kuti ndamaliza.

Puloti yanga inali yoyamba, pamene madzi amachoka mumtsinje kulowa m'ngalande. Yachiwiri inali ya a Manasseh Chavula, wapampando wa sikimu komanso mkulu wa mpingo mnzanga. Kumapeto kwenikweni kunali puloti ya mayi wamasiye, a Kezia, amene tonse timawaitana NyaLuhanga. Sukulu sanapiteko. Amalera adzukulu atatu ndi anyezi wa papuloti imeneyo, ndipo alibenso china chogwira.

Mayiwa ndinali nditawaweruzapo kale. Chaka choyamba anajomba tsiku lochotsa matope m'ngalande chifukwa anali kuchipatala ndi mdzukulu. Lamulo lachinayi limati wojomba achotse yekha matope mtunda wa mapazi zana. Ena anati tiwamvere chisoni, ine ndinati lamulo likayamba kuona nkhope ndiye kuti lafa. Anatenga khasu n'kugwira masiku awiri. Nkhani imeneyi ndinkainena monyadira ngakhale kwa alendo.

Aliyense anali ndi tsiku lake ndi maola ake othirira, kuyambira Lolemba mpaka Loweruka. Nthawi ya mnzako ikafika, umatseka polowera madzi pako ndi thumba la mchenga. Limenelo ndi lamulo lachiwiri. Koma kutseka kulipo kuwiri. Loweruka madzulo ife akumtunda tinkatseka zolimba, mpaka kumata ndi dothi, kuopa kuti madzi angagwire ntchito m'munda mwa Mkhristu pa Sabata. Masiku enawa tinkangoika thumba mopepesa. Langa linali lobooka, ndipo kwa zaka zitatu ndinkati ndilisintha mawa.

Mu Okutobala, mtsinje utaphwera, a Manasseh anabwera kunyumba Lachinayi masana, nkhope ili ngati akukalengeza maliro.

"Asambizgi," anayamba, monga amaitanira mphunzitsi kwathu, "zatigwera. NyaLuhanga akuthirira pa Sabata. Masabata atatu tsopano. Amalawira kupuloti, kenako n'kulowa m'tchalitchi matope ali kumapazi, osachita manyazi."

Ine ndinapukusa mutu monga amachitira mkulu wa mpingo.

"Munthu wotere sangakhale m'sikimu ya anthu opemphera," anapitiriza. "Loweruka tiwalande puloti. Alipo anthu oopa Chiuta amene akuifuna. Ndi lamulo lachingati lija?"

Munthu woopa Chiuta ameneyo ndinkamudziwa, anali mkamwini wawo. Koma zimenezo sindinaziganizire kwambiri, chifukwa mtima wanga unali utathamangira kukope. Ndinawerenga loyamba mpaka lakhumi, n'kubwereranso chammbuyo. Za Sabata munalibemo. Palibe amene anaganizapo kuti munthu wa ku Hewe angagwire khasu tsiku limenelo, ndiye sitinalembe.

"Mulibe?" anadabwa a Manasseh. "Imwe asambizgi, mkulu wa mpingo, kulemba malamulo khumi n'kuiwala Sabata? Anthu akamva adzati chiyani?"

Mawu amenewo ndi amene anandigwetsa. Sindinaope kuti mayi wamasiye alandidwa munda. Ndinaopa kuti anthu adziwa zoti Laws anaiwala lamulo.

Atachoka, ndinakhala pakhonde ndi kope langa. Pansi pa lamulo lakhumi panali kampata ka mizere iwiri. Ndinadziuza kuti sindikuwonjezera kanthu, ndikungolemba chimene aliyense amadziwa kale mumtima. Kodi kuthirira pa Sabata si kulakwa? Ndi kulakwa. Nanga cholakwa chikalembedwa mochedwa chimasiya kukhala cholakwa? Ndinadziyankha bwino kwambiri, moti akanakhala mwana wasukulu ndikanamupatsa zonse. Bolopeni yakuda ija inali itauma kalekale, choncho ndinatenga ya buluu imene Lusungu amalembera nambala za nyimbo ku Umanyano, gulu la amayi a mpingo.

Lusungu anandipeza ndikumaliza. Anawerenga ali chiimire kumbuyo kwanga, lichero lili m'manja.

"Mukutani, adada?"

"Ndikukonza."

"Ndi inki yanga?" Anatula lichero pansi. "Dzina lanu amati ndi malamulo, langa ndi chifundo. Anthu amati tinakwatirana bwino. Koma lero ndikuona kuti m'nyumba muno mulibe zonse ziwiri."

Ndinamuuza kuti nkhani za sikimu sazidziwa. Anatenga bolopeni yake n'kulowa m'nyumba.

Loweruka m'mawa tinakumana pansi pa mtengo wa mango, pafupi ndi ngalande. NyaLuhanga anakhala pansi kutsogolo, miyendo atatambasula, manja ali pamiyendo. Ankadziwa chimene taitanirana. Ine ndinavala jekete ngakhale kunkatentha, ndipo ndinawerenga ndi mawu anga a pa asembule. Paja amati mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi.

Nditangomaliza lakhumi, anthu anayamba kuwomba m'manja. Zaka zitatu ndinawaphunzitsa ndekha kuti apa ndiye pothera. Ndinachita kukweza dzanja kuti aleke.

"Lachikhumi ndi chimodzi," ndinatero, mawu atachepa. "Aliyense wothirira pa Sabata adzalandidwa puloti."

Ena anayang'anana. A Manasseh anatsokomola n'kuyamba kufotokoza za matope a m'tchalitchi, koma NyaLuhanga anagwada n'kuwomba m'manja kawiri kupempha mpata.

"Yewo, atcheya. Ine kuwerenga sindidziwa, mundikhululukire. Koma asambizgi, si paja mumati Mose khumi, ifenso khumi? Nanga ili latsika phiri liti?"

Wina kumbuyo anaseka n'kudzigwira pakamwa.

"Linalipo," ndinanama. "Kungoti sindinkafika nalo."

"Imwe? Kusiya lamulo osaliwerenga?" Sananene mwachipongwe ayi, anafunsa ngati munthu amene wamva kuti mtsinje wabwerera kumtunda. "Ndionetseni, adada. Zilembo sindizidziwa, koma maso ndili nawo."

Kukana sikukanatheka. Ndinawapatsa kope. Analiyang'ana nthawi yaitali, atalizondotsa, kenako anaika chala pansi penipeni.

"Awa onse ndi akuda. Ili lokha lavala za buluu."

Panthawiyo anthu anaseka osabisanso. Ine thukuta linali likuyenda m'jekete, ndipo ndinalakalaka ngalande ija ikanakhala yakuya. Koma mayiwo sanaseke nawo. Anandibwezera kope ndi manja awiri.

"Asambizgi, lachinayi lija linandipweteka chomene. Mwana anali pabedi kuchipatala, ine ndikuchotsa matope. Koma sindinadandaule, chifukwa munandiwerengera ndisanalakwe, ndipo ndinkadziwa kuti tsiku lina lidzagwira wina ngati mmene landigwirira ine. Ine ndilibe mwamuna, ndilibe mlongo wondiyankhulira pano. Chimene ndinali nacho ndi kope lanulo. Tsopano ngati limamera malamulo usiku ngati bowa, ine ndidzathawira kuti?"

A Manasseh anafunsa ngati akukana kuti anaswa Sabata.

"Sindikukana. Lachitatu, tsiku langa, madzi safika. Amafika pa Sabata pokha. Ngati ndi tchimo, ndiitaneni kumpingo, ndikayankha kumeneko, ndi kwa Chiuta ndikayankhanso. Koma puloti sanandipatse ndi mpingo." Anatembenukira kwa ine. "Lakhumi limati chiyani, asambizgi? Kapena ndinene ndine?"

Ananenadi, mawu ndi mawu, mpaka ndi kapumidwe kanga komwe: "Aliyense wopotoza malamulo awa adzatsekeredwa madzi masabata awiri." Lamulo limenelo ndi lija ndinalipeza pogawa lina pakati kuti akwane khumi. Ndinalilemba ngati chokongoletsera, osaganiza kuti lidzaluma munthu.

A Manasseh anasintha nyimbo msangamsanga. Anati tonse ndife Akhristu, munthu amalakwa, asambizgi ndi munthu wamkulu, tingofufuta kamzereko nkhani ithe mwamtendere. Anthu ambiri anavomera, ndipo chifundo chimenecho chinandikomera kwambiri. Ndinali nditatsegula kale pakamwa kuti ndithokoze. Kenako ndinaona NyaLuhanga akundiyang'ana, osakwiya, akungodikira kuti aone ngati lamulo limaona nkhope.

Ndikanakonda kunena kuti chikumbumtima ndi chimene chinandiyankhulitsa. Mwina anali manyazi chabe, kapena kunyada komwe kuja kutangovala malaya ena.

"Ndinalemba ndine, Lachinayi masana," ndinatero. "Katsekeni."

Anatseka tsiku lomwelo, ndi miyala ndi dothi, ine ndikuonerera. Masabata awiri a Okutobala si masewera. Anyezi wanga anayamba kugona tsiku lachinayi, ndipo pofika sabata yachiwiri masamba anali ngati udzu wofolera. Lusungu sananene kuti ndinakuuzani. Ankangoimba nyimbo za Umanyano mokweza kuposa kale. A Manasseh, ataona zimene zachitikira mlembi, anagula thumba latsopano, ndipo enanso akumtunda anayamba kutseka ngati tsiku lililonse ndi Loweruka madzulo. Zoitanira mayi uja kumpingo sizinamvekenso.

Lachitatu la sabata yachiwiri, posowa chochita kupuloti yanga youma, ndinatsatira ngalande mpaka kumapeto. Zaka zitatu ndili mlembi, ndinali ndisanafikeko. Ndinapeza NyaLuhanga ali m'mizere ya anyezi, chitenje atakwinyira m'mawondo, akutsogolera madzi ndi khasu. Madzi ankabwera odzaza ngalande, masana a Lachitatu, pa ola lawo lenileni limene ndinalemba ndekha m'kope.

"Mwatandala uli, asambizgi?" anandilonjera. "Sabata ino ndilowa m'tchalitchi ndi mapazi oyera."

Ndinati ndi bwino. Iwo anaimika khasu, n'kuyang'ana madzi aja, kenako kumtunda kumene ankachokera.

"Koma ndikudabwa, adada. Madzi onsewa, zaka zonsezi, ankakhala kuti?"

Ndinkadziwa kumene ankakhala. Ndinavula nsapato, n'kupempha kuti andibwereke khasu.