Utsi wa Pachipinda cha Adona

Jenerali tinamuika m'manda mwezi wa Disembala, chisanu chikulowa mpaka m'mafupa. Asilikali anabwera kuchokera ku tawuni yapafupi ya Alexandria, ndipo ngalawa ina pamtsinje inkawomba mizinga. Azungu ankalira poyera. Ankati wapita munthu amene anagonjetsa asilikali a mfumu ya Angerezi, amene anakhala pulezidenti woyamba kenako n'kutula udindo yekha, popanda womukankha. Ife akapolo tinaima kumbuyo, zipewa zili m'manja. Ine ndine Primus. Ndinali mmisiri wa matabwa pamunda wa nyumba yayikulu.

Pasanapite nthawi mawu a wilo yake, kalata yogawa chuma chake, anafika kukhitchini, ndipo atafika kukhitchini anafika paliponse. Akapolo onse a Jenerali adzakhala mfulu, koma Adona, mkazi wake, akadzamwalira.

Mnzanga Cuffee, wosula zitsulo, anaponya nyundo pansi n'kuyamba kuvina pafupi ndi ng'anjo.

"Primus, iwe ukhala bwana! Ndikugulira chipewa chachitali, uzikapala matabwa utavala."

Ndinaseka nawo. Loweruka nditaweruka ndinanyamuka ulendo wanga wa sabata iliyonse. Mkazi wanga Tamar, wopota ulusi, ankakhala kumunda wa kudambo pamodzi ndi mwana wathu Sabra. Amuna ambiri tinkatero: sabata yonse kwa bwana, Lamlungu kwa mkazi. Tsiku limenelo njira inandifupikira.

Ndinapeza Tamar akuviika nsomba zamchere m'madzi. Nkhani anali ataimva kale.

"Mwasangalala, bambo a Sabra?"

"Nanga inu ayi?"

"Inu ndinu a Jenerali. Ine ndine wa ndani?"

Ndinali ndikudziwa, koma monga mmene munthu amadziwira kuti tsiku lina adzafa. Amayi ake a Tamar anabwera ndi Adona kuchokera ku banja lawo loyamba. Anthu amenewo sanali a Jenerali. Mwalamulo anali a mwamuna woyamba uja, amene anafa ife tisanabadwe, ndipo Adona akadzamwalira anayenera kugawidwa kwa adzukulu. Kumunda zimenezi sizinkaoneka. Tinkalima mzere umodzi, tinkalandira chimanga muyeso umodzi, tinkakwatirana.

"Ndipo mwana amatsata mayi ake," anatero Tamar. "Tsiku limene inu mudzamasulidwe ndi tsiku lomwelo limene ife tidzagawidwe. Ndiye vinani bwino."

Sabra anali pakhomo, akusoka chigamba pa malaya anga. Anali atangoyamba kusinkhuka, ndipo singano ankaigwira kuposa akazi akuluakulu. Sanadzutse mutu.

Chaka chimenecho chinali choipa. Adona anatseka chipinda chimene Jenerali anaferamo n'kusamukira m'kachipinda ka pamwamba, pansi pa denga. Sindinkawaona. Koma aliyense ankadziwa kuti ufulu wa anthu ambirimbiri ukudikira mpweya wa mayi mmodzi wokalamba. Wantchito wa m'nyumba akatuluka, anthu ankamufunsa monong'ona ngati Adona adya. Cuffee sankanong'ona.

"Atsokomola lero? Kangati?"

"Khala chete iwe," ndinamuuza.

"Ndikungofunsa za umoyo wa mayi wathu. Ndi mlandu?"

Akuti Adona anayamba kuopa chakudya chawo chomwe. Sindikudziwa ngati panali amene anaganizadi zoipa, ine sindinamuone. Chimene ndikudziwa n'chakuti sanadikire imfa yawo. Pa tsiku la chaka chatsopano anatimasula tonse amene tinali a Jenerali.

Anthu anamanga mitolo. Cuffee anabwera ku shedi yanga atanyamula zida zake.

"Tiye ku Alexandria. Kudoko akufuna amisiri."

"Ndikhala."

"Ukhala? Pano? Anakumasula miyendo, mutu anaiwala?"

"Tamar ndi Sabra ali pano."

Anandiyang'ana, nthabwala zitamuthera, n'kundigwira paphewa. Kenako anapita.

Ndinapempha kapitawo kuti ndizigwira ntchito yaganyu, ndipo anavomera. Tsopano zinthu zinali zitatembenuka. Ufulu ndinali nawo kale, ndipo imfa ya Adona inalibenso chondipatsa. Inangotsala ndi chondilanda.

Kachipinda ka Adona kanali ndi mbaula, ndipo chumuni chake chinkaoneka bwino ndikaima pakhomo pa shedi. M'mawa uliwonse, ndisanagwire chida, ndinkayang'ana pamwamba. Utsi ukamatuluka ndinkadziwa kuti adzuka, ndipo banja langa lagonanso pamalo amodzi. Ndinakwera padenga kukasintha timatabwa towola popanda wondituma. Ndinamata ming'alu ya zenera lawo kunja kuti mphepo ya kumtsinje isalowe. Nkhuni za chipinda chimenecho ndinkasankha ndekha, zouma bwino, za mtengo wosathetheka.

Lamlungu lililonse Tamar ankandilonjera ndi funso limodzi.

"Ukufuka?"

"Ukufuka."

Akatero ankandipakulira chikondamoyo.

Cuffee anabwera kudzacheza nyengo yozizira yotsatira, atavala jekete la mabatani owala. Anandipeza ndikuwaza nkhuni.

"Taonani! Mfulu yokhayo m'Virginia monse yofunditsa dona. Usiku umakawaimbiranso nyimbo kuti agone?"

"Akanandilola ndikanaimba."

"Primus, mayi uja ndi wokalamba. Nkhuni sizibweza zaka."

"Ndikudziwa."

"Nanga?"

"Sabra akule kaye pang'ono. Basi."

Alendo ankabwerabe kudzaona manda a Jenerali. Ena ankathyola timasamba ta mitengo ya pamandapo kuti akasunge. Bambo wina wochokera kumpoto anandiimitsa n'kundifunsa ngati ndinali mmodzi wa omasulidwa aja. Nditavomera anandigwira chanza, maso ali ndi misozi, n'kunena kuti Jenerali anamasula dziko, kenako anamasula nyumba yake. Sindinamutsutse. Za ine ananena zoona.

Kunja kutayamba kufunda, mbaula inazimitsidwa ndipo ndinasowa chizindikiro changa. Ndinkadalira mawu a kukhitchini. Ndiye m'mwezi wa Meyi, tsiku lotentha loti tonse tinavula malaya, ndinakweza maso n'kuona utsi ukutuluka pachumuni paja. Mtima unayamba wasangalala mwachizolowezi. Kenako ndinazindikira. Munthu wofuna moto kukutentha chonchi ndiye kuti akunjenjemera ndi malungo.

Lamlungu limenelo Tamar anafunsa, "Kuli bwanji kumtunda?"

"Ukufuka."

Anasiya chimene ankachita n'kuyang'ana kunja, kumene dzuwa linkawotcha fumbi.

Utsi unafuka masabata angapo, kenako unaleka.

Maliro atatha, kunabwera amuna a m'tawuni kudzagawa anthu m'magulu anayi, gulu lililonse la mdzukulu mmodzi. Ankayesetsa kuti magulu alingane: wamphamvu apa, wokalamba apo, waluso apa. Mabanja ena anawasiya pamodzi. Koma wopota ulusi ndi wosoka anali aluso awiri, ndipo sakanalowa gulu limodzi. Ndinapita kwa mmodzi wa amunawo, chipewa m'manja. Anandimvetsera mwaulemu ndithu.

"Iwe ndiwe wa gulu liti?"

"Ndine mfulu, bwana."

"Ndiye nkhaniyi sikukukhudza."

Ngolo zinabwera m'mawa. Ya Tamar inkapita kumpoto, kutsidya la mtsinje, ku mzinda watsopano umene unatchedwa dzina la Jenerali. Ya Sabra inkapita kum'mwera, ku munda wakutali umene palibe wa ife anauonapo. Zinaima pabwalo limodzi, akavalo atayang'ana kosiyana.

Ndinaima pakati ndi bokosi langa la zida. Palibe kapitawo amene akanandiletsa kupita kulikonse. Kumpoto kunali pafupi, kunali ntchito, kunali Cuffee. Ndikanatha kumuona Tamar Lamlungu lililonse monga kale.

Tamar anatsika pangolo ngakhale woyendetsa ankakalipa. Anandikonza kolala ya malaya, paja Sabra anasokapo chigamba.

"Mwaimiranji? Ngolo ya mwana ndi iyo."

"Mayi a Sabra..."

"Ine ndine wamkulu. Kumene ndikupita kuli anthu ondidziwa. Uyu akupita yekha, ndipo mwaona mmene amuna aja amamuyang'anira." Anatsitsa mawu. "Simungamuteteze, ndikudziwa. Koma adziwe kuti Lamlungu kubwera munthu wake."

"Ndikapeza njira, ndidzabwera kudzakuonani."

"Musalonjeze. Mwakalamba, miyendo ndi iwiri yomweyi." Anayesa kuseka. "Ndipo muzidya. Musamangoyang'ana machumuni a eni."

Anapita kwa Sabra, anamumanga mpango wake kumutu, n'kumuuza mawu amene sindinawamve. Kenako anakwera ngolo yake ndipo sanacheukenso. Ndikuganiza kuti anachita dala.

Woyendetsa ngolo ya kum'mwera anati mfulu ilibe malo pangolo ya bwana wake. Ndinasenza bokosi n'kutsatira wapansi. Tinadutsa pafupi ndi manda a Jenerali, pamene alendo awiri anaima atavula zipewa. Sabra anakhala kumbuyo kwa ngolo, miyendo ikulendewera, akundiyang'ana.

"Ababa, bokosilo ndi lolemera. Bweretsani ndiligwire."

Woyendetsa sanaletse, ndiye ndinalikweza. Analikumbatira pamiyendo pake.

Kum'mwera ndinakhalako zaka zambiri, ndikupala matabwa m'midzi yozungulira mundawo, ndipo palibe Lamlungu limene Sabra anadikira pachabe. Uthenga wa kumpoto unkabwera mwa apo ndi apo, kudzera mwa oyendetsa ngolo. Womaliza unachokera kwa Cuffee. Unati Tamar anadwala chifuwa nyengo yozizira, m'chipinda cha pansi chopanda moto, ndipo anamuika m'manda kunja kwa mzinda uja.