Amalume Anayankha Kale

Ukwati wanga utatha ku Blantyre, ndinabwerera kwathu kwa Nthache ndi ana awiri. Kwathu kuno munda ndi wa mwana wamkazi, choncho ndinkadziwa kuti wa malemu mayi anga ukundidikira. Ndinakapeza mpanda wa waya, malole opita kumalire ku Zobue ataima pomwe tinkabzala nandolo.

Amalume anga a Kinsley, omwe ndi eni mbumba yathu, anati boma linatenga malowo n'kupatsa kampani ina ya malole. Ndinawauza kuti tipite limodzi kukhoti, ndipo tsiku lomwelo bondo lawo linayamba kuwawa. Bondo lomwelo limapalasa njinga ya makala mpaka paboma osadandaula. Ndinangoti chabwino, koma mtima unakana.

Paboma anandilozera kwa loya wina, mayi Yewo, ochokera kumpoto. Anamvetsera bwino, nati ndibwerenso akafufuza. Nditabwerera anandipatsa mpando mwaulemu wonyanya, ndipo ine ulemu wotere ndimauopa.

"Amayi, nkhani ya munda uwu khoti linaigamula kale," anatero. "Banja lanu linasuma, linaluza, nthawi ya apilo inadutsa. Nkhani imodzimodzi, anthu omwewo, khoti silingaimvenso."

"Koma mlandu suola," ndinayankha.

"Suola ukakhala sunaweruzidwe. Uwu unatha."

Ndinawayang'ana nsapato, ndinawayang'ana foni, n'kumadzifunsa kuti a malole awadyetsa zingati. Munthu wobwera angamve chisoni ndi nandolo za eni ake?

"Anthu omwewo ati? Ine Deliwe kukhoti sindinapondeko."

"Anakuimirirani a Kinsley, monga mwini mbumba. Mwalamulo, pomwe anaima iwo munaima nonse."

Ndinachita manyazi chifukwa chowaganizira zoipa mayiwo, kenako ndinanyamuka kukafuna amalume.

Amalume ndinawapeza akumanga matumba a makala kuseri kwa nyumba yawo. Sindinakhale pansi.

"Amalume, munapita kukhoti osatiuza?"

"Unali kubanja, mwana wanga. Nkhani za mbumba amayankha ndi malume. Unafuna ndikuitanitse ku Blantyre ngati kwanu kulibe mwamuna?"

"Nanga anakutumani kukasuma ndani? Inu loya munam'peza kuti?"

Anamanga chingwe, n'kuchimasula, n'kuchimanganso. Anati bwana wina wa kampaniyo ndiye anawalangiza, poti kusuma n'kwabwino kuti zinthu ziyere. Anawapezeranso galimoto yopitira kukhotiko. Apa ndinazindikira kuti anthu aja ankafuna mlandu woti aupambane msanga, khomo litsekeke ife eni ake tisanadzuke. Ngati amalume anadyapo kapena anangopusitsidwa, mpaka lero sindidziwa, ndipo kusadziwako kumandiwawa kuposa mpanda uja.

"Ndiye munakanena chiyani?"

"Ndinanena zoona. Anandifunsa ngati mundawo ukulimidwa, ndinati wagonera chimwalirire mlongo wanga."

"Basi?"

"Anafunsanso ngati pali mwana wamkazi amene akuudalira." Maso awo anali pa thumba. "Iwe unali pabwino, nyumba ya malata, mwamuna wapantchito. Ndani ankadziwa kuti udzabwerera?"

"Amalume, munayankha kuti chiyani?"

"Ndinati palibe."