Mkeka wa Ketrina

"Lachinayi simupita kulikonse, alamu," anatero Kasian akuvula nsapato pakhomo. "Dothi la pamanda silinaume n'komwe."

Ketrina sanadzutse mutu. Chiikireni mwamuna wake Thadei, anali pamkeka pomwepo, monga mwambo wa kuchimuna umanenera: wamasiye sachoka pamkeka mpaka tsiku lomwaza maliro.

Thadei ankagwira ntchito ya boma pa zahanati ina, kachipatala ka kumudzi ka ku Mbaha. Chaka chatha anamuchotsa ntchito, ati ndi wojomba. Zoona zake n'zoti anadwalira kutsidya kwa nyanja, kwawo kwa Ketrina, ndipo mwera utavuta, maboti anaima. Pobwera anapeza nkhani yatha kale, popanda womufunsa ngakhale liwu limodzi. Anachita apilo, imene kuno amati rufaa. Tsiku loti akamvedwe, Lachinayi lomwelo, linachita kubwera mwini wake atagona m'manda. Komiti inatumiza uthenga kuti mboni ikhoza kukalankhula m'malo mwake, ndipo mboni inalipo imodzi yokha: Ketrina.

"Anthu adzati mwathamangira chuma," anapitiriza Kasian, mkulu wake wa malemu, munthu woopa pakamwa pa anthu kuposa ng'ona. "Ntchitoyo akaibweza, akaigwira ndani?"

"Ntchito ayi, alamu. Dzina. Ana anga akutchedwa ana a mtoro kusukulu, ati ana a wothawa ntchito. Bambo awo anajombapo liti?"

Kasian anakanda m'mutu. Mng'ono wakeyo ankamukonda, ndipo mawu amenewa anamupweteka. Komabe anati, "Mwambo sindinaupange ndine."

Lachinayi m'mawa Ketrina anadzuka, n'kupinda mkeka uja, n'kuunyamula pamutu.

"Nanga izi?" anafunsa Kasian.

"Mwati ndisachoke pamkeka. Ndipita nawo."

Azimayi a pakhonde anagwira pakamwa. Kasian anayang'ana uku ndi uku kufuna womuthandiza, koma aliyense anali wotanganidwa mwadzidzidzi ndi mpango wake. Mapeto ake anaitana njinga zamoto ziwiri za bodaboda, akung'ung'udza njira yonse mpaka ku Mbamba Bay.

M'chipinda cha komiti Ketrina anayala mkeka pansi n'kukhalapo. Mpando umene anaikira wodandaula unatsala wopanda munthu. Wapampando, mayi wina dzina lake Restituta, anawapepesa maliro, kenaka anafotokoza mwaulemu kuti munthu sachotsedwa ntchito asanauzidwe mlandu wake ndi kupatsidwa mpata woyankha, ndipo komiti ikufuna kudziwa ngati zimenezi zinachitika.

Apa n'kuti Theophil, mkulu wa pa zahanati amene anamunenera Thadei, ataima kukhoma, thukuta lili kamukamu. Mipando inali itatha.

"Yambani ndinu, mama," anatero Restituta.

Ketrina anamuyang'ana Theophil. Chaka chonse ankalakalaka tsiku lomutsuka m'kamwa munthu ameneyu. Koma anakumbukira mmene Thadei ankachitira ana akayambana: wolakwiridwa ankadikira, woganiziridwayo ankakhala pansi n'kuyamba kufotokoza.

"Alamu," anatero motsitsa mawu, "apatseni mpando wa bambo a Dyna." Ankanena mpando wa wodandaula uja, umene akanakhalapo Thadei.

Kasian anaunyamula ndi manja awiri, akupukuta maso ndi phewa, n'kukauika pamaso pa Theophil.

"Ayambe ndi iwowa," anatero Ketrina. "Amuna anga sankaweruza munthu asanamumve."