Chiphaso cha Nyumba ya Alendo ku Mwenilondo

Dzinja linabwera n'kutha, koma nyumba yogona alendo imene Tusekile ndi mwamuna wake Ambokile anamanga ku Mwenilondo inali isanalandire mlendo. Chiphaso sichinkatuluka. Zonse zimene ofesi yopereka ziphaso inafuna anali atachita, koma oyendera malo sankabwera. M'mawa uliwonse Tusekile ankasesa zipinda zopanda wogonamo, kenako n'kupemphera mwachidule tsache lili m'manja.

Chimene chinkamumanga pakamwa n'chakuti wolandira anthu ku ofesiko anali a Manase, mkulu wa mpingo wawo, amene anadzagona pa maliro a mayi ake a Tusekile. Tusekile akafika ku ofesiko, ankafunsana za ana ndi za kumunda. A Manase ankamupatsa mpando ndi madzi akumwa, n'kumuuza kuti nkhani ili kwa akuluakulu. Iye ankathokoza kuti ndagha, n'kubwerera.

Mpunga utayamba kucha, ogula ochokera kum'mwera anayamba kufunsa pogona. Ambokile mtima unamuthera.

"Amake Lughano, Loweruka ndikutsegula, chiphaso chikhalepo chisakhalepo. Kodi mabedi awa tinagulira abuluzi?"

Tusekile anadziwa kuti akagwidwa, malowo atsekedwa, ndipo mwina chiphaso sadzachionanso. Anamupempha kuti adikire pang'ono, koma Ambokile anati kudikira ndiye ntchito yokhayo imene agwira chaka chonse.

Lachinayi Carol, woyandikana naye amene ankagwira ntchito ku bungwe lolangiza anthu za malamulo, anabwera kudzatunga madzi pa mpopi wawo. Ataona nkhope ya Tusekile, anatula ndowa n'kukhala pansi. Anamvetsera zonse, kenako anati malamulo a dziko salola ofesi ya boma kungokhala chete pa pempho la munthu mpaka kalekale, ndipo nkhani yotere imatha kupita kukhoti.

"Ndikasumire a Manase?" Tusekile anafunsa chapansipansi. "Nanga Lamlungu ndikalandira bwanji mgonero m'manja mwawo?"

"Simukusumira a Manase, amama. Mukudandaula za ofesi. Ndipo khoti silipereka chiphaso ayi. Limalamula ofesi kuti iyankhe, kaya ivomera kaya ikana, ndipo ikakana ifotokoze zifukwa."

Carol anati ayambe ndi kulemba dandaulo n'kusunga kope lake. Ofesi ikapanda kuyankha, akhoza kupita kwa Ombudsman, womva madandaulo okhudza maofesi a boma, komwe salipiritsa, kapena kupempha loya kuti akasume kukhoti lalikulu ku Mzuzu. Anawachenjezanso kuti asachedwe, poti khoti silikonda madandaulo ogonekedwa, komanso kuti akatsegula mobisa adzakhala adziwonongera okha mlandu.

Usiku umenewo Tusekile anafotokozera Ambokile zonsezi. Loweruka galimoto ya ogula mpunga inaima pageti. Ambokile anatuluka makiyi ali m'manja. Tusekile anaima pakhonde akumuyang'ana. Mwamunayo anayang'ana alendo aja, anayang'ana mkazi wake, kenako anaika makiyi m'thumba n'kuwalozera njira ya ku boma komwe akapeze pogona. Tsiku lonse sanalankhule naye, koma madzulo anamubweretsera cholembera.

Dandaulo lawo silinayankhidwe, ndipo loya anasuma. Masabata amenewo Tusekile ankakhala benchi lakumbuyo kutchalitchi, n'kumatuluka nyimbo yomaliza isanathe. Mpunga wambiri unanyamulidwa iwo akuonerera. Potsiriza woweruza analamula kuti ofesi iyendere malowo ndi kupereka yankho m'nthawi imene iye anaika. Oyendera anabwera, anauza Ambokile kuti awonjezere chozimitsira moto kukhitchini, ndipo atachita zimenezo chiphaso chinatuluka. Ogula omaliza a chaka chimenecho anagona ku Mwenilondo.

Lamlungu lotsatira a Manase anatsekereza Tusekile pakhomo la tchalitchi.

"Mayi, mwakhala mukundithawa. Pempho lanu ndinkalikumbutsa, koma mawu anga sankapitirira tebulo langa. Tsopano ayamba kuyenderanso malo a ena amene ankadikira ngati inu."

Tusekile anagwada pang'ono n'kulandira dzanja lawo.

Ofesi ya boma ikachedwetsa pempho lanu popanda chifukwa, musatsegule mobisa ndipo musangokhala chete chifukwa cha ulemu. Lembani dandaulo, funani uphungu msanga, ndipo ngati kuli kofunika pitani kukhoti. Kufunsa yankho ndi ufulu wanu, si kudana ndi munthu.